Abambo Okana Kuchoka Osatsanzika

Ntchito yanga yoyamba m'mafilimu inali yotaya zinthu. Anthu akamva kuti ndinkagwira ntchito ya vidiyo pa Boma pa Mchinji amaganiza kuti ndinkangozungulira m'maukwati ndi kamera, kudya mpunga wa nkhuku pafupi ndi akwati. Ayi ndithu. Ine ndinkakhala kuseri, m'kachipinda ka situdiyo koyang'anizana ndi khoma la chigayo, maso pa kompyuta. Ndinalowamo ngati wotaipa makadi a ukwati, koma amene ankakonza mavidiyo atathawira ku Joni, mpando wake unagwera ine. Wojambula wathu akachokera ku ukwati, ku chinkhoswe kapena kojambula kwaya, ankangondiponyera kakhadi ka m'kamera n'kupita kukamwa tiyi. Zotsalazo zinali zanga: kudula, kutaya, kulumikiza, mpaka patuluke chinthu choti eni ake akachionera asachite manyazi. Ntchito imeneyi timaitcha kuedita.

Koma abale, zimene ndinkapeza m'kakhadi kaja! Mkwati akuveka mkazi wake mphete, kamera ili pa nsapato za abusa. Ankhoswe akupereka malangizo, kamera ikulondola mtsikana wogawa zakumwa. Ndinkatuluka m'kachipinda muja mutu ukuwawa n'kumufunsa wojambula uja, "Achimwene, kodi mumajambula mutatsinzina?" Iye ndi munthu wosadziwa kupsa mtima, ndiye ankangoseka. "Achemwali, inu mumakalipa muli pampando, pamthunzi. Tsiku lina mudzapite nokha kudzuwako, mukaone ngati anthu amaima pomwe mwawaimika."

Sindinkamumvera. Chikhulupiriro changa chinali choti palibe cholakwika chimene sichingadulidwe. Chidakwa chikagwera pa keke ndinkachichotsa, ukwati n'kukhala wa anthu osamwa. Apongozi akakwinya nkhope tsiku lonse, ndinkasaka pomwe anamwetulira mwangozi n'kupaika poyera. Mbiri yanga inafika mpaka ku Chipata. Anthu ankaoloka malire ndi mavidiyo awo, ati ku Mchinji kuli mayi wina amachotsa mkazi wakale pa ukwati ngati sanabwereko n'komwe.

Komabe kusoka zigamba za anzako kumatopetsa. Ndinkafuna nsalu yangayanga, kuti ndikanena kuti imani apa anthu aime, ndikanena kuti lirani alire. Ndiye nditamva kuti bungwe lina la ku Lilongwe likufuna mafilimu aafupi ochokera m'maboma, ndipo osankhidwawo adzaonetsedwa mumzinda ndi pa TV mvula isanagwe, ndinati basi, khomo lotulukira m'kachipinda ka kuchigayo ndi limeneli. Ndikasankhidwa ndidzatchedwa dayilekita, wotsogolera filimu. Ndikalephera ndidzakalambira pa nsapato za abusa. Wojambula uja anavomera kundigwirira kamera Lachitatu lililonse, popeza Loweruka ndi la maukwati. Anavomera mofulumira kwambiri, moti ndikanayenera kukayikira.

Nkhani yanga inali ya kwathu konkuno. Mkamwini wouma mtima watopa kulima munda wa kuchikazi, akufuna akalowe utenanti ku esiteti ya fodya. Mkazi akukana kusiya nthaka ya amake. Akangana, akangana, kumapeto mwamunayo anyamula chikwama, atuluka, ayenda mpaka kuzimiririka, osacheuka, osatsanzika. Mkazi angoima pakhomo. Filimu yonse inatsamira pa mapeto amenewo. Ndinalumbiranso kuti chigawo chomalizachi sindidzachidula ngakhale pamodzi. Kamera iyambe mwamuna akutuluka, ithe atazimiririka, kuti aliyense aone kuti ulendo uno sindinabisale kuseri kwa kompyuta.

Wosewera mkaziyo ndinamupeza ndili pampando wanga womwewo. Ndikuedita kwaya ya azimayi a ku Kapondo, ndinaona mayi wina mzere wakumbuyo, wachikulire ndithu, amene nkhope yake inkalira nyimbo isanafike polira. Ndinakwera njinga yamoto, ulendo ku Kapondo. Amayiwo anandiyalira mkeka, anamva nkhani yanga, anaseka, n'kunena kuti iwo alibe vuto koma pakhomo pali eni ake. Eni akewo, amuna awo, anali pakhonde akukhomera khasu pampini, ndipo anali atamva zonse.

"Mwana wanga, wati mkazi wangayu akhala mkazi wa ndani?"

"Ndi sewero chabe, bambo. Pa Boma pali mphunzitsi wina wodziwa kusewera, ndiye akhale mwamuna wa m'filimu."

"Sewero kapena ayi, mudzi uonera. Mawa ndikamadutsa pamjigo azimayi azikodolana, ati uyo anabwereketsa mkazi kwa mphunzitsi wa pa Boma. Toto. Ngati pakufunika mwamuna, mwamuna ndine ndili pano."

Ndinawayang'ana. Aatali, owonda, nkhope yoti ikakhala duu ana angathawire kuseri kwa nkhokwe. Ndinati mumtima, Mulungu wandipatsa munthu wouma mtima weniweni, wosafunika kumuphunzitsa. Ha! Ndinali ndisanadziwe kuti nkhope imeneyo sikhala duu.

Tinayamba anthu atamaliza kukolola. Ndinkafika m'mawa kuti ndigwiritse ntchito dzuwa lofewa, koma pakhomo paja ntchito sinkayamba mlendo asanadye. Mbatata iphikidwe kaye, thobwa litengedwe kwa mnansi, tidye, tifunsidwe za ulendo ndi za makolo, ndipo pomwe ndinkati tiyambe, dzuwa lofewa lija linali litapita kalekale. Zimenezo ndikanapirira. Vuto lenileni linali njira. Nyumba yawo, momwe tinkajambulira, inali m'mphepete mwa njira yopita kumjigo ndi kumsika, ndipo abambo aja chibadwire sanalolepo munthu kudutsa pakhomo pawo osapatsidwa moni.

Tsiku loyamba tinayamba ndi mkangano wa pakhonde. Amayi anasewera moti thupi langa linachita tsemwe. Misozi yeniyeni, mawu akunjenjemera. Abambo atakwinya nkhope, anayenera kuyankha kuti, "Ndanena, ndanena." Mwadzidzidzi nkhope ija inamasuka, dzanja m'mwamba.

"Wawa, achimwene! Mwadzuka bwanji? Nanga kunyumba? Chifuwa cha alamu chija chatsika?"

Ndinacheuka. Munthu wa njinga, atamanga matumba a mtedza, waima kale phazi limodzi pansi. Ndipo moni wa kwathu mukuudziwa, si wa mawu amodzi. Anafunsana za ana, za mbuzi yothyoka mwendo, za mavenda a soya amene akuba pa sikelo. Amayi anapukuta misozi ndi chitenje n'kulowa nawo m'moniwo. Kamera ikujambulabe.

Ndimamva kuti madayilekita a kunja amakuwa, amaponya zipewa pansi. Ine ndikanakuwira ndani? Munthu wa msinkhu wa bambo anga, pakhomo pake, mbatata yake ili m'mimba mwanga? Ndinapita n'kugwada pambali pawo, mtima ukuwira.

"Bambo, chonde, kamera ikayamba musamayang'ane kunjira. Muziyerekeza kuti kulibe munthu."

"Ndiyerekeze kuti kulibe munthu, munthu ndikumuona? Adutse pakhomo panga ngati galu? Mawa ndikadwala adzandinyamula ndani, kamera yakoyi?"

Ndinayesa zonse. Ndinawatembenuza kuti njira ikhale kumbuyo kwawo, koma ankazindikira anthu ndi kulira kwa ndowa zawo. Tinayesa kujambula dzuwa lili paliwombo poganiza kuti anthu akhala m'nyumba, koma kunadutsa ana a sukulu, ndipo aliyense anafunsidwa kuti ndi mwana wa yani. Ndinapempha anthu kuti aziima kaye patali tikamajambula. Aaa, pamenepo ndiye ndinaziputa dala. Anaunjikana pansi pa mtengo, gulu lonse, ndipo abambo anasiya mkangano pakati n'kupita kukawapepesa mmodzimmodzi, ati mlendoyu sadziwa mwambo. Mlendo ine, wobadwira kwa Mfumu Zulu, ku Mchinji konkuno! Wojambula anali atabisa nkhope kuseri kwa kamera, mapewa akugwedezeka. "Mutu ukakula sulewa nkhonya, adayilekita," anatero. Pakanakhala mwala pafupi, kaya.

Kubwereza nako kunali nkhondo. Ndikati tibwereze mkanganowo kuti tijambule chakumbali, abambo ankadabwa. "Tayambana kale, tiyambanenso? Iwe wabwera kudzajambula kapena kudzathetsa banja?" Ndipo mkangano uliwonse ukatha, ndisananene n'komwe kuti dulani, ankawerama n'kuwagwira amayi paphewa. "Pepani mayi, si ine, ndi mwanayu wandituma." Amayi ankawakankha dzanja akuseka, misozi ili m'masaya.

Chinkandipulumutsa ndi ntchito yanga yakale. Ndikabwerera ku situdiyo ndinkatola zidutswa. Pomwe abambo anakhala chete akumvetsera ngati mbuzi zalowa m'dimba la eni, ndinkadula n'kupaika pomwe mwamuna akunyoza mkazi ndi maso. Pomwe dzuwa linawathobwa n'kukwinya nkhope, pamenepo panakhala ukali. Kuchokera m'nyenyeswa zimenezo ndinaumba mwamuna woopsa, wosaseka, wosadziwa moni. Ndikamuonera ndinkachita naye mantha ine mwini. Panatsala mapeto okha, aja ndinalumbira kuti sindidzadula.

Tsiku la mapeto ndinakonza zonse. Tinasankha kanjira ka kuseri kwa nyumba, kotsikira kudambo, komwe sikudutsa munthu. Ndinawafotokozera abambo pang'onopang'ono ngati mwana wa sitandade wani. Mutuluke ndi chikwama. Musawayang'ane amayi. Muyende, mudutse mtengo wa mango uwo, mupitirire mpaka mubisike kuseri kwa chulu. Musalankhule. Anavomera ndi mutu, ati zimenezo n'zophweka.

Kamera inayamba. Anatuluka. Abale inu, kuyenda kwake! Chikwama paphewa, msana uli chilili, fumbi likutuluka kumapazi, amayi ali pakhomo dzanja lili pachitseko. Atafika pa mango paja anaima, anatembenuka, anavula chipewa, nkhope yonse ili mwee.

"Tsalani bwino, mayi! Mbuzi muzitsekera msanga!"

"Aaa, bambo! Dulani!"

Tinabwereza. Pa mango pomwe paja: "Tsalani bwino, mayi! Mankhwala a miyendo aja musaiwale kumwa!" Tinabwerezanso, n'kubwerezanso. Ulendo wina anayesetsa ndithu, ndinaona khosi likulimbana nawo, anaudutsa mtengo uja ndi phazi limodzi, kenako thupi linawakanika. Anatembenuka basi.

Ndinaiwala kugwada. "Bambo, mukundiphera filimu! Munthu wa m'nkhaniyi ndi wouma mtima. Satsanzika. Nkhani yonse yagona pamenepo!"

"Ndiye nkhani yakoyo ndi yabodza," anatero akudzikupiza ndi chipewa. "Munthu sachoka pakhomo osatsanzika. Ndine mbuzi ine? Ngakhale titayambana chotani, mayiwa ndimawauza kuti ndapita. Njira ili ndi zambiri, mwana wanga."

"Si inu, bambo, ndi munthu wa m'filimu!"

"Nanga miyendo ikuyendayi ndi ya yani? Nanga mkazi waima pakhomoyo?"

Amayi anaseka mpaka kukhala pansi. Dzuwa linapendeka, batire ya kamera inatha. Potsiriza abambo anandimvera chisoni n'kunena kuti Lachitatu likubweralo adzayesa kudziumitsa mtima, koma sakulonjeza. Ndinakwera njinga yamoto ndikutukwana chamumtima mpaka pa Boma.

Lachitatu limenelo sitinajambule. Lolemba m'mawa abambo anapita kudimba kukathirira tomato, anagwa pambali pa chitsime, ndipo mnansi wawo anawapeza atatsirizika kale. Uthenga unandipeza ndili pa kompyuta, nkhope yawo ili pagalasi kutsogolo kwanga. Ndinalira, chifukwa munthu wotopetsa uja ndinali nditamukonda osadziwa. Koma pakati pa misozi ndinawakalipiranso: bambo inu, ngakhale pa imfa mundivutitse? Pamaliro panadzaza kuchokera pakhomo mpaka kumsewu, a njinga, a ngolo, mavenda, matenanti a m'maesiteti ochokera maboma akutali amene mwina ankangowadziwa ngati bambo wa panjira ya kumjigo. Funso lawo loti adzandinyamula ndani linayankhidwa, moti bokosi anthu ankachita kulandirana.

Masiku otumiza filimu anayandikira. Wojambula anati avale jekete la malemu, ndimujambule chakumbuyo. Ndinamuyang'ana, wamfupi, wonenepa ngati mtsuko, n'kumuuza kuti asandiwonjezere mavuto. Komanso zovala za malemu zinali zitagawidwa kwa abale, ndipo amayi anali atametedwa monga mwa mwambo wa maliro, moti sakanaimanso pakhomo paja n'kufanana ndi mayi wa m'zigawo zoyamba. Kujambulanso kunali kosatheka. Lumbiro langa linathera pomwepo, ndinabwerera kumpando.

Ndinatenga ulendo woyamba uja, woyenda bwino. Ndinautsatira pang'onopang'ono mpaka pa mango, n'kupeza pomwe phazi latera koma phewa lisanayambe kutembenuka. Ndinadula pamenepo. Ndinalumikiza nkhope ya amayi ali pakhomo, kenako mdima. Zinakoma, abale, zinakoma! Pa zonse zimene ndinadulapo moyo wanga, palibe chinaposa pamenepa. Mwamuna ankachoka ngati sanakhalepo ndi mkazi, ndipo wojambula, munthu wachipongwe uja, ataonera anapukuta m'maso.

Koma chithunzi cha munthu womwalira sungapite nacho ku Lilongwe eni ake asanachione. Ndinanyamula laputopu, ulendo ku Kapondo. Tinalowa m'nyumba chifukwa panja dzuwa linkaphimba zithunzi. Amayi anakhala pamkeka, mpango wakuda kumutu, ine pambali pawo, laputopu pampando. Filimu inayamba. Amuna awo atatulukira koyamba, amayi anangoti, "Ee," ngati munthu amene waitanidwa. Mapeto anafika, galasi linada, ine ndikudikira kuti anditamande.

"Yatha?"

"Yatha, amayi."

"Tabweza kumapetoko."

Ndinabweza. Anaoneranso atasendera pafupi.

"Pa mango paja anatembenuka."

"Eya, amayi, koma nkhani yake imafuna kuti..."

"Nkhani yako ndikuidziwa, ndinaisewera ndine. Ndikunena kuti anatembenuka. Ndinalipo. Kutsanzika kwawo wakuika kuti?"

Ndinayamba kufotokoza za luso, za anthu a ku Lilongwe odziwa mafilimu, kuti mwamuna woopsa akamwetulira kumapeto zonse zimene tinavutikira zigwa. Anandisiya ndilankhule mpaka mawu anandithera.

"Tsiku limene anamwalira lija," anatero, "ndinalawirira kumjigo iwo ali m'tulo. Pamjigo panali mzere. Pobwera ndinapeza atapita kudimba. Chikwatiranireni sanapitepo ngakhale kuchigayo osandiuza, koma tsiku limodzi lokhalo. Ndiye iwe watenga tsiku limodzilo, ukufuna ukalionetse ku Lilongwe, kenako kuno, kuti anthu azinena kuti ndi mmene ankachokera pakhomo."

"Amayi, ndikuikirani padera. Ponse pomwe anatsanzika ndikuikirani pa foni, muzionera nokha."

"Sankatsanzika mobisa, mwana wanga. Ankakuwa, mudzi wonse umve." Anakonza mpango wawo. "Sindikukuletsa. Filimu ndi yako. Koma mwamunayo ndi wanga."

Ndinabwerera pa Boma nditakwiyira aliyense: amayi, malemu, Lilongwe, ngakhale wa njinga yamoto amene ankayendetsa ngati wanyamula matumba a chimanga. Bola akanandiletsa! Ndikanalimbana nawo, ndikanapeza wamkulu wina akandilankhulire, tikanagwirizana penapake. Koma munthu akakuuza kuti sindikukuletsa, ndiye kuti wakumanga manja ndi miyendo yomwe.

Wojambula anabwera ndi nzeru zake. Ati yodula bwino ipite ku Lilongwe, yotembenuka ipite ku Kapondo, adziwa ndani? Ndinamufunsa ngati wayamba lero kukhala ku Mchinji. Chinthu chikangotuluka pa TV, sabata isanathe chili m'foni iliyonse pamsika, anyamata okopera nyimbo akuchigawa ngati mtedza. Amayi akanachionera pa foni ya mdzukulu wawo. Ndiye ine ndikadzakumana nawo pamaliro ena, ndidzawapatse moni ndi nkhope iti?

Ndinatsegula zotaya zija, poti ndinali ndisanazifufute, n'kuonera maulendo onse a pa mango. Mbuzi. Mankhwala a miyendo. Pena anati mayi musamasenze nkhuni zambiri, msana. Palibe ulendo umene anabwereza mawu, ndipo palibe mawu amene ndinawaphunzitsa ine. Paliponse, iwo akangomaliza, pankamveka mawu anga, oipa ngati a khwangwala: aaa, bambo, dulani! Ndinamuuza wojambula kuti atuluke, atseke chitseko, asandione ndikuwononga ntchito yanga ndi manja anga. Ndinagwira pomwe ndinadula paja n'kukoka. Phewa linatembenuka, chipewa chinavulidwa, ndipo mwamuna woopsa uja, amene ndinamuumba movutikira chilimwe chonse, anasanduka abambo a ku Kapondo akuseka. Ndinangochotsamo khwangwala yekha, n'kutumiza.

Ku Lilongwe sanaisankhe. Anandiimbira foni mwaulemu ndithu, bambo wina wa Chichewa chosakaniza ndi Chingerezi. Ati amayi aja ndi katswiri, ati zithunzi n'zabwino, koma mapeto akutsutsana ndi filimu yonse, zikuoneka kuti wosewera analakwitsa ndipo palibe amene anaona. Kenako anandipatsa malangizo aulere. Ati ulendo wina, mayi, mudzapeze munthu wodziwa kuedita. Ine! Ine amene anthu ankaolokera malire! Ndinathokoza n'kudula foni, chigayo chikulira kuseri kwa khoma. Mpaka lero mawu amenewo sindinawaiwale. M'kachipinda muja ndinakhalamonso zaka zingapo ndisanapeze khomo lina, ndikuyang'anabe nsapato za abusa. Mafilimu ndatsogolera angapo kuchokera nthawi imeneyo, koma sindinaikemonso munthu wochoka osatsanzika, poopa kukumananso ndi wina wotere.

Filimuyo inaonetsedwa pagulu kamodzi kokha, ku Kapondo, m'tchalitchi cha amayi aja, mvula yoyamba itagwa. Tinatchinga mawindo ndi mabulangete, jenereta panja, nsalu yoyera pakhoma. Munadzaza mpaka ana kukhala pansi kutsogolo. Anthu sanamvetse chifukwa chake abambo aja anali olusa chonchi, ndipo ndinamva ena akung'ung'udza kuti kamera imaipitsa munthu. Ine ndinaima kumbuyo pafupi ndi chitseko, nkhope itakwinyika, ndikuona cholakwika chilichonse.

Mapeto anafika. Abambo anatuluka ndi chikwama, anayenda, fumbi kumapazi. Pa mango paja anaima, anatembenuka, anavula chipewa.

"Tsalani bwino, mayi! Mbuzi muzitsekera msanga!"

Ku mabenchi a azimayi kunamveka mawu a munthu mmodzi, osanjenjemera, okweza ngati a munthu woyankha ali pakhomo pake.

"Pitani bwino, bambo. Mbuzi ndatsekera."